Nthuli Khumi ndi Ziwiri pa Ulendo wa kwa Dambe

Funso limene ndikufuna kuyankha m'nkhani ino ndi ili: kodi nkhuku yokazinga, ya tsabola ndi khungwa lokukutika, ingathe kuchoka pa boma la Mchinji m'nyengo ya dzinja n'kukafika kumudzi wa kwa Dambe isanafewe? Ena angaone ngati ndi funso la munthu wokhuta. Kwa ine, Loweruka lina la mwezi wa Januwale, linali funso lokhudza moyo wa apongozi anga aamuna, a Mbewe.

Madalawa anali atangotuluka m'chipatala kumene anagonekedwa ndi chibayo. Chifuwa chinapola, koma chilakolako cha chakudya sichinabwerere. Mkazi wanga, amake Dalitso, anali atatha sabata zitatu kumudziko akuwadwazika, ndipo zimene ankandiuza pafoni zinkaipiraipira: phala masupuni awiri, kenaka kutembenukira kukhoma. Mankhwala amene anapatsidwa ndi ofunika kumwa munthu atadya. Ine ndinaphunzira zaumoyo mpaka dipuloma, ndipo ntchito yanga ndi yoyendera ukhondo m'misika, choncho ndinkadziwa bwino kumene njira yotere imakathera kwa munthu wokalamba.

Lachinayi madzulo mkazi wanga anaimba.

"Abambo a Dalitso, lero alankhulako. Akuti chilichonse chikumveka ngati thonje m'kamwa. Akuti mwina nkhuku ija munakazinga pa Khirisimasi, ija inkalira akamaluma."

"Ndiye mwawayankha chiyani?"

"Ndawauza kuti mubwera nayo Loweruka. Musandichititse manyazi, akuwerenga masiku."

Kaphikidwe kameneka ndinakaona pa kanema wa pafoni. N'kochokera kummwera kwa dziko la Amereka, koma ndinakasinthira ku zimene zimapezeka pa boma. Ndinayamba ndaganizira njira ziwiri. Yoyamba inali kunyamula nyama yaiwisi n'kukakazingira komweko. Ndinaikana chifukwa nyama yonyikidwa m'mkaka siyenda maola ambiri pa kutentha, komanso moto wa nkhuni zonyowa za dzinja sungasunge mafuta pa kutentha kumodzi. Kugula nkhuku kumudziko sikukanatheka, popeza chitopa chinali chitasesa makola. Inatsala njira yachiwiri: kukazinga kunyumba n'kunyamula. Ndinawerengera kuti ulendo utenga maola atatu. Apa ndi pamene ndinalakwitsa koyamba, chifukwa ndinayeza ulendo ndi mtunda m'malo mouyeza ndi nyengo.

Lachisanu ndinagula nkhuku ziwiri zoyera, n'kupatula ntchafu zinayi, miyendo inayi ndi mapiko anayi. Nganga ndinasiyira ana. Nthuli khumi ndi ziwirizo ndinazinyika m'chambiko chothira mchere, adyo ndi kambuzi wosinja, n'kuzigoneka m'firiji. Chambiko chimafewetsa nyama mkati, ndiponso chimathandiza kuti ufa ugwire kunja. M'bandakucha ndinasakaniza makapu atatu a fulawa ndi kapu imodzi ya ufa wa chinangwa, papirika, tsabola wogaya ndi mchere. Ndinadonthezeramo chambiko pang'ono n'kufikisa ndi zala mpaka patachita timibulu, pakuti timibulu timeneti ndi timene timasanduka khungwa. Nthuli iliyonse ndinaikanikiza m'ufamo, n'kuisiya ipume kanthawi pamene mafuta ankapsa pambaula. Mafuta ndimawayesa ndi kachidutswa ka ufa: kakamira n'kungokhala pansi, sanapse, kakada pompo, apsa mopyola, kakayandama kakuchita thovu, ndiye nthawi yake. Ndinkakazinga nthuli zinayi zokha pa ulendo umodzi kuti mafuta asazizire, ndipo ndikavuula ndinkaziyala pa waya wootchera nyama, osati m'mbale, chifukwa nkhuku yotentha ikakhala pa chinthu chosapitisa mpweya imachita thukuta.

Ndinazilongedza m'dengu: pansi mapepala oyera, pamwamba pake waya uja, kenaka nthuli zosasanjikiza, n'kuphimba ndi kansalu ka mabowo kotsala ku katani wakale. Itangokwana 6 koloko ndinali pa depoti.

Minibasi imene ndinapeza inkaoneka yotsala pang'ono kudzaza. Nditakhala pansi ndinazindikira kuti anayi mwa okwerawo anali oyitanira, amene ankatsika mmodzimmodzi pakabwera munthu weniweni. Kondakitala anayang'ana dengu limene linali pamiyendo panga.

"Abigi, dengu limenelo kubuti."

"Ayi, ili ndilinyamula ndekha."

"Muli mwana?"

"Muli chakudya cha wodwala."

Anapinda mphuno, n'kununkhiza. "Wodwala ameneyo ndikufuna ndidwale naye limodzi."

Anthu anaseka. Mayi wina wamkulu amene anakhala pafupi nane, wochita malonda a zitenje zochokera ku Chipata, anandiuza kuti dzina lake ndi Anaphiri ndipo naye ankalowera ku Kapiri, kumene ine ndinkakatsikira popita kwa Dambe. Anafunsa amene anakazinga nkhukuyo. Nditanena kuti ndine, ndipo ndikupita nayo kwa apongozi, bambo wina wa chipewa chachikopa anatembenuka kuchokera kutsogolo.

"Achimwene, pepani, anakudyetsani khuzumule. Mwamuna wandevu kudzuka tambala woyamba kukazingira apongozi?"

"Musiyeni mwana wa eni ake," anatero Anaphiri. "Inu akazi anu atadwala mungawiritse ngakhale madzi?"

Sindinathe kuseka nawo bwino. Maso anga anali pa wotchi. Tinanyamuka 8 koloko itadutsa, kutanthauza kuti maola awiri mwa atatu anga aja anathera pamalo amodzi.

Pa Kamwendo, pamene msewu wa ku Kasungu umapatuka, tinatsika ine, Anaphiri ndi bambo wa chipewa uja. Apanso tinadikira. Dzuwa linali lija la dzinja, lobaya pakati pa mitambo, ndipo ntchentche zinapeza dengu langa ine ndisanapeze pokhala. Ndinaima pamthunzi wa sitolo ndikukupiza kansalu ndi kabuku. Kawiri ndinavundukula n'kugogoda khungwa ndi chikhadabo, linkalirabe. Ndinaimbira mkazi wanga kumuuza kuti ndichedwa.

"Afunsa kale kawiri," anatero. "Phala akana. Akuti asadzaze m'mimba."

Mawu amenewa anandiwonjezera nkhawa, chifukwa tsopano kuchedwa kwanga kunali kukuwalanda ngakhale masupuni awiri aja.

Minibasi yachiwiri inanyamuka cha m'ma hafu pasiti teni. Mtengo wa ulendo unali utakwera, ati chifukwa mafuta akuvuta kupeza, ndipo palibe amene anatsutsa kwa nthawi yaitali. Ine ndi Anaphiri tinapatsidwa mpando wa kumbuyo kwa dalaivala. Tinayenda bwino pakati pa minda ya fodya ndi mtedza kwa theka la ola, kenaka galimoto inatsokomola katatu n'kuzima m'munsi mwa chitunda.

"Mafuta atha," anatero dalaivala mosatekeseka. "Geji inafa kalekale, timangoyendera mtima. Azibambo, tatsikani tikankhe. Pamwambapo pali golosale, amagulitsa petulo wa m'mabotolo."

Mvula inayamba tisanakankhe mamita makumi awiri. Dengu ndinalisiya pampando, n'kupempha Anaphiri kuti aziliyang'anira. Tinakankha anthu asanu ndi mmodzi, nsapato zikuterera, bambo wa chipewa akutukwana geji ndi makolo ake a geji. Titafika pagolosale tinauzidwa kuti petulo anatha dzulo. Kondakitala anakwera njinga ya kabaza ndi chigubu kubwerera kumene tinachokera, ife azibambo tinathawira pakhonde, amayi anatsala m'galimoto atatseka mawindo.

Ndinathamangira kugalimotoko kamodzi mvula ili mkati. Anaphiri anatsegula windo pang'ono.

"Denga likudontha, bambo, koma musadandaule. Ndasamala."

Ndinathokoza n'kubwerera pakhonde. Uku kunali kulakwitsa kwanga kwachiwiri, ndipo n'kumene ndimadziimba nako mlandu kwambiri: sindinafunse kuti asamala motani. Tinakhala pamenepo ola ndi theka. Petulo atabwera, anthu anakwera mothamanga ndipo ine, wonyowa thupi lonse, ndinakankhidwira kumpando wakumbuyo kwenikweni, kumene dengu sindinkaliona.

Tinafika pa Kapiri itadutsa 1 koloko. Anaphiri ananditulutsira mtolo wofunda, womangidwa ndi chitenje chatsopano. Mkati mwa chitenjecho munali dengu langa, litakulungidwa m'jumbo yaikulu yakuda, yomangidwa mfundo ziwiri. Iwo anali ataika mtolowo pachitsulo chotentha cha pamwamba pa injini, kumbuyo kwa dalaivala. Nditamasula, nthunzi inandiwomba kumaso. Madzi anali ndondondo mkati mwa jumbo. Ndinagwira ntchafu imodzi, ndipo khungwa linatsalira kuchala ngati phala.

"Mayi, mwachita chiyani?" Mawu anga anakwera kuposa mmene ndinkafunira. "Mwaiwononga yonse!"

Anandiyang'ana modabwa, kenaka mokwiya. "Ndawononga? Chakudya cha wodwala chimapita chozizira? Chosavundikira, ngati cha agalu? Inu munakulira kuti? Chitenje changa chogulitsa ndachinunkhitsa mafuta chifukwa cha inu!"

Ananyamula mtolo wawo wa zitenje n'kupita kukakhala pansi pa mtengo podikira lole yolowera kwawo. Ndinatsala ndili chilili, dengu m'manja. Nditaganiza mofatsa ndinaona kuti mayiwo sanalakwe malinga ndi mmene tonse tinaleredwera. Kwathu kuno ulemu wa chakudya ndi kuchivundikira ndi kuchifikitsa chotentha. Nkhuku iyi yokha ndi imene imafuna zosemphana ndi ulemu umenewo, ndipo ine sindinawafotokozere.

Tsopano mavuto anali awiri. Khungwa linali litafa. Koma choopsa kwambiri, nyama yophika inali itakhala maola awiri pamalo ofunda ndi achinyezi, momwe tizilombo toyambitsa kutsegula m'mimba timaswana msanga. Kupatsa munthu wofooka nyama yotere kukanatha kumupha msanga kuposa njala. Ndinaganiza zoitaya. Ndinaganizanso za madala amene akana phala pofuna kusiya malo m'mimba.

Kutsidya kwa msewu kunali chiwaya cha tchipisi. Mwini wake, bambo wamfupi wa epuloni yofiira, dzina lake Lameki, anandiyang'anitsitsa ndisanalankhule.

"Nkhope iyi ndikuidziwa. Si inu a zaumoyo munabwera ndi anzanu chaka chatha kudzatitayitsa mafuta?"

Sindikanakana. "Ndine, achimwene."

"Lero mwabwera kudzataya chiyani?"

"Lero ndabwera kudzapempha."

Ndinamufotokozera zonse. Anavundukula dengu, n'kudina nthuli imodzi ndi foloko yake yaitali, n'kupukusa mutu.

"Ndiye bwana wa ukhondo akufuna chiwaya cha Lameki. Anyamata, bwerani mudzaone!" Anzake a m'ziwaya zoyandikana anaseka. Kenaka anatsitsa mawu. "Wodwalayo ndi bambo a akazi anu? Chabwino. Koma mafuta angawa ndi akuda, mwawaona kale ndi maso anu a boma aja. Kaguleni botolo latsopano, ine nditsuke chiwaya."

Anachitsuka ndi mchenga ndi madzi otentha ine ndikuona, ndipo ndikuvomereza kuti anachitsuka bwino kuposa mmene ndinkayembekezera. Iye ndi amene anandilimbitsa mtima.

"Tchipisi chabwino timachikazinga kawiri, bwana. Koyamba kuti chipse, kachiwiri kuti chiume. Nkhuku singasiyane. Koma musaigwiregwire, ufawo uchoka."

Anasonkhezera nkhuni mpaka mafuta atayamba kunyezimira, n'kutsitsiramo nthuli zitatu mosamala. Mafuta anakalipa kwambiri chifukwa cha madzi aja. Ndinamupempha kuti ntchafu azisiye nthawi yotalikirapo kuti kutentha kufike pafupa. Zitatuluka zinali zoderapo kuposa m'mawa, ndipo malo ena khungwa linali litasupuka, koma foloko ikagunda zinkayankha. Ndinang'amba phiko limodzi, n'kulinunkhiza pafupa, n'kulidya lonse pang'onopang'ono. Kumeneku sikuyeza kwa sayansi, ndikudziwa, koma ndinalibe chida china koposa mphuno ndi mimba yanga. Linalibe fungo lachilendo.

Lameki anakana kulandira kanthu. "Mundipatse mwendo umodzi, ndimve chimene chavutitsa munthu wa boma chonchi." Ataluma anatseka diso limodzi. "Aaa, kambuzi! Madalawo akapanda kudzuka ndi iyi, ndiye kuti sakufuna."

Phiko lina ndinapita nalo pansi pa mtengo paja. Ndinagwada pang'ono n'kupepesa. Anaphiri analandira osandiyang'ana, analuma, n'kutafuna kwa kanthawi.

"Mukananena, bambo," anatero. "Pakamwa munapatsidwira chiyani? Pitani, muwapatse moni odwalawo."

Ngakhale ndinali nditachedwa kale, ndinadikira mphindi makumi awiri kuti nthuli zizizire pa waya ndisanaziphimbe ndi kansalu. Kuchoka pa Kapiri kupita kumudzi wa apongozi ndi msewu wafumbi, umene tsikulo unali wamatope. Ndinakwera njinga yamoto, dengu ndalikumbatira pachifuwa, maso ali kumitambo imene inkasonkhananso chakumadzulo. Mvula ikanagwa ndinalibe pobisa dengu, popeza jumbo ndinali nditailumbirira.

Pa kamtsinje kena tinapeza madzi akudutsa pamwamba pa mlatho. Panali anthu ena ndi njinga zawo zakapalasa, onse akudikira. Ndinazika kamtengo m'mphepete mwa madzi kuti ndizionera ngati akuphwa. Pa mphindi khumi anatsika zala ziwiri. Woyendetsa njinga anati tidikire ola lathunthu. Ine ndinapirira mphindi makumi anayi, kenaka ndinavula nsapato, n'kupinda thalauza, n'kusenza dengu pamutu ngati mayi wochokera kuchigayo. Madzi anafika m'mawondo ndipo ankakoka. Kumbuyo kwanga wina anakuwa kuti, "Gwirani dengu, bambo, inu tikuvuulani mawa!" Njinga inawoloka pambuyo pake, anthu anayi ataigwirira.

Tinalowa m'mudzi cha m'ma hafu pasiti folo. Pakhomo panali zii. Alamu anga onse anali kumunda kothira feteleza, ndipo mkazi wanga sankaoneka. Amene anatuluka anali apongozi anga aakazi, Anabanda. Anandiyalira mphasa pansi pa mtengo wa mango, iwo n'kukagwada chapatali atayang'ana kumbali, monga mwa mwambo wa mkamwini ndi apongozi ake. Tinalonjerana. Anati amake Dalitso apita kumjigo kukachapa zofunda za odwala. Kenaka anasendera n'kutenga dengu, pakuti katundu wa mlendo salekerera pabwalo.

"Amayi," ndinatero maso ali pansi, "nkhukuyo ndi yopsa kale."

"Zikomo, bambo, tamva. Mwativutikira."

Analowa nalo kukhitchini. Patapita kanthawi ndinamva mpeni ukugogoda pathabwa. Kenaka kunabwera fungo la anyezi m'mafuta, ndipo pambuyo pake la tomato.

Ndinazindikira chimene chinkachitika. Kwa mayi aliyense wakumudzi, wodwala sapatsidwa chouma. Ndiwo ya wodwala imafuna msuzi kuti itsike pakhosi. Mawu anga aja anangowauza kuti nyamayo sifunika kuwira nthawi yaitali. Khitchini inali pa mtunda wa mapazi khumi ndi asanu kuchoka pamphasa yanga, koma mkamwini salowa m'khitchini ya apongozi ake, ndipo sawakuwira kuti asiye zimene akuchita. Pa zaka khumi ndi chimodzi za ukwati wanga ndinali ndisanawauzepo mawu otsutsa ngakhale amodzi. Ndinaimbira mkazi wanga; foni yake inalira pawindo la nyumba, pamene anaisiya. Ndinatsokomola. Ndinaimirira, n'kuyenda mapazi atatu, n'kubwerera. Ndinamva chivundikiro chikukhala pampoto.

Mkazi wanga anatulukira ndi beseni pamutu patapita mphindi ngati khumi. Atangoona nkhope yanga anatula beseni pansi n'kuthamangira kukhitchini. Ndinamva mawu ake akukwera, ndi a mayi ake akuyankha modekha: "Iwe, bambo ako a khosi louma adye zokalakala zimenezi? Ufuna uwatsamwitse?" Mkazi wanga anatuluka atagwira m'chiuno, misozi ili m'maso.

"Zalowa mumphika," anatero. "Zonse, kupatula ziwiri."

"Ziwirizo zili kuti?"

"Akusungirani inu. Akuti mlendo ali ndi mano, ndipo wayenda ulendo wautali."

Posakhalitsa mkazi wangayo anandibweretsera madzi osamba m'manja ndi mbale ziwiri zovundikira. M'mbale ya ndiwo munali ntchafu ziwiri, zazikulu koposa zonse, zosakhudzidwa ndi msuzi. Popeza zinali zitazizira kale, kuvundikirako sikunaziwononge. Kubweza chakudya chimene apongozi akupatsa ndi chipongwe, koma palibe mwambo woletsa mkamwini kudya ndi apongozi ake aamuna. Ndinalankhula mokweza pang'ono, kuti a kukhitchini amve.

"Amake Dalitso, sindingadye ndekha pabwalo bambo ali m'nyumba. Ndinyamulireni mbalezi, ndikadyere pafupi nawo."

A Mbewe anali atagona pamphasa, atayang'ana kukhoma. Anali ataonda kuposa mmene ndinkaganizira. Mapewa ankaoneka ngati a mwana. Pambali pawo panali mbale ya nkhuku ya msuzi, imene anali ataiyang'ana kamodzi n'kuikana.

"Mwafika, bambo?" anatero osatembenuka. "Nkhuku ija si imeneyi."

"Si imeneyo, bambo. Ija ili kuno."

Ndinatenga ntchafu imodzi n'kuibenthula ndi zala pafupi ndi mutu wawo. Khungwa linalira. Kenaka anayamba kutembenuka, ndipo mkazi wanga anawathandiza kutsamira khoma. Analandira ntchafuyo, n'kuluma pang'ono. Anatafuna nthawi yaitali, tsabola anawatsokomoletsa, mkazi wanga anathamangira kapu ya madzi, koma iwo anamukankha ndi chigongono n'kulumanso.

"Yapserera pang'ono," anatero. "Ya pa Khirisimasi inali bwino."

"Ndamva, bambo. Ulendo wina ndidzasamala."

"Inayo mukudya inu?"

"Ayi, ndadya kale panjira."

Anaitenga. Pakhomo, kuseri kwa chitseko, ndinaona mthunzi wa Anabanda utaima osasuntha.

Yankho la funso langa ndi lakuti nkhuku yotere ingathe kufika, koma osati yonse, ndiponso osati popanda kuikazinga kachiwiri panjira. Mawerengero ake anathera motere. Ulendo umene ndinauyesa wa maola atatu unatenga maola khumi ndi theka. Pa nthuli khumi ndi ziwiri zimene zinachoka pa boma, imodzi ndinadya ndine poyesa, imodzi anadya Lameki, imodzi Anaphiri. Zisanu ndi zinayi zinafika pakhomo. Zisanu ndi ziwiri zinalowa mumsuzi, ndipo alamu anga anazimaliza pobwera kumunda. Ziwiri zinafika kwa mwini wake zikukukutika. A Mbewe anadya imodzi yonse ndi theka la inayo, pamodzi ndi mbamu zinayi za nsima, n'kumwa mapiritsi awo onse atatu.